Lipoti Lomwe Ndinasaina Lachinayi

Lachiwiri, 10 Juni

Anditulutsa kuchipatala. Akuti ndilibe vuto, nsidze zokha ndi zomwe zapserera, ndi khutu lakumanzere lomwe likungolira. Nesi anati, “Bambo, muli ndi Mulungu wamkulu.” Ndinati zikomo.

Ndilembe za dzulo, poti aliyense akundifunsa koma pakamwa sipakutuluka kanthu. Sitima ya katundu, mabogi 24 a simenti, ine ndikuyendetsa, wondithandiza wanga Ndevu pambali panga monga mwa masiku onse. Nthawi itangopitirira 10 koloko m'mawa. Titakhota pakona ya kufakitale ya matabwa ndinaona lole ya petulo itaima pakati pa njanji, pomwe msewu umadutsa. Hutala. Mabuleki onse. Sitima siima ngati njinga. Zaka 22 pa ntchitoyi, ndinadziwa pomwepo kuti tifika. Kenako kuwala. Injini inakankha loleyo n'kupitirira, moto waukulu unatsalira kumbuyo kwathu, n'chifukwa chake ndikulemba.

Afa asanu ndi awiri. Dalaivala wa loleyo, ndi asanu ndi mmodzi ogulitsa malonda m'mbali mwa msewu. Ndevu ali m'wodi, manja onse m'mabandeji. Anagwira chitseko chotentha kuti tituluke.

Mayi a kunyumba anandipatsa tiyi. Ndinamwa. Kaya munali shuga, kaya.

Lachitatu, 11 Juni

Anthu tsiku lonse. Akutchalitchi anaimba nyimbo zitatu pabalaza. Ine ndimayang'ana nyerere yomwe imakoka kanyenyeswa ka buledi kuchokera pansi pa tebulo mpaka pakhomo. Inafika.

Alamu, mchimwene wake wa mayi a kunyumba, anabweranso. Ndi iwo amatseka geti pamalo paja sitima ikamabwera, chaka cha 19 chino. Sanalowe. Anakhala pa njerwa kuseri kwa khitchini, chipewa m'manja, akulankhula motsitsa ndi mlongo wawo. Pochoka anangoti pawindo, “Alamu, mwadzuka?” Ndinati ndadzuka.

Lachinayi, 12 Juni

Ku ofesi. Abwana anandipatsa mpando wawo wofewa uja, koyamba kuukhalira chilowereni ntchito. Lipoti linali lotaipa kale, masamba awiri. Likuti geti linali lotseka, lole inalithyola n'kudzazima pa njanji, dalaivala n'kuthawa, koma moto unamupezabe. “Werengani bwino, ngati zili choncho musaine apa.” Zilembo ndimaziona, koma zimangoyandama. Ndinasaina. Dzanja silinagwedezeke n'komwe, siginecha yokongola kuposa ya pa chiphaso changa.

Akuti ndipume milungu iwiri.

Lachisanu, 13 Juni

Njanji aitsegula. Sitima ya 2 koloko yadutsa mochedwa ndi mphindi 40. Ndinali pakhonde.

Loweruka, 14 Juni

Kukaona Ndevu. Ndevu zake zija zonse zinapsa, kumaso kwangoti see ngati mwana wa sukulu. Akuti, “Akulu, mundipezere dzina lina, ili latha ntchito.” Anaseka yekha, ine ndinayesa koma sizinabwere. Ndinamumwetsa madzi ndi kapu, poti sangagwire.

Kenako anati iye anabisa nkhope titangokhota, sanaone chilichonse. “Inu munaona, akulu?” Ndinati utsi basi.

M'basi pobwerera nkhani inali yomweyo. Wina akuti dalaivala uja anali ataledzera kuyambira usiku. Mayi wina akuti amamudziwa, anali wamwano kale. Kondakitala akuti abale a omwalira aphwanya mawindo onse kunyumba kwake. Palibe anandizindikira. Ndinatsika siteji imodzi isanakwane yanga, n'kuyenda wapansi.

Lamulungu, 15 Juni

Kutchalitchi sindinapite. Nyumba ili zii, ndiye ndilembe izi kamodzi.

Geti linali m'mwamba. Zitsulo zonse ziwiri, chilili. Lole sinathyole kanthu, inangozima pa njanji.

Ndipo munthu uja sanathawe. Titakhota ndinamuona ali pakati pa njanji, akuthamangira kwa ife, malaya atavula, akuwakupiza m'mwamba. Wamfupi, wonenepa pang'ono, kuthamanga kwake kosazolowera. Ataona kuti sitiima anatembenuka. Akanalumphira kumbali, m'ngalande, bwenzi lero ali moyo. Anabwerera kulole, akukuwa, akukankha azimayi a malonda kuti achoke. Wina anamugwetsera dengu lake, mapeyala mbwee mumsewu. Ambiri anathawa chifukwa cha iye. Ndinamuona komaliza akukoka bambo wa pa njinga ya olumala.

Ndawerenga zomwe ndalembazi kawiri. Zili ngati ndikunena za munthu wa mu nyuzipepala.

Lolemba, 16 Juni

Cha m'ma 3 kunabwera mayi wina, wakhanda kumbuyo, mpango wakuda kumutu. Anaima panja pa mpanda mpaka mayi a kunyumba anamulowetsa. Mkazi wa dalaivala uja. Anafunsira nyumba yathu kusiteshoni.

Mpando anaukana, anakhala pansi pakhonde. Akuti pamaliro panabwera anthu osakwana khumi. Akuti eni nyumba amuuza kuti asamuke, atopa ndi miyala. Ankanena zonsezi mosadandaula, ngati akuwerenga mndandanda wa zogula.

“Sindinabwere kudzavuta, bambo. Amuna anga mowa samamwa, koma zimenezo ndasiya kuuza anthu. Inu munali kutsogolo. Mungondiuza, anathawadi?”

Khanda limayamwa chala, likundiyang'ana pamwamba pa phewa la mayi ake.

Ndinati, “Sindinaone bwino, mayi. Kunali utsi.”

Anati zikomo. Anamwa madzi omwe anapatsidwa, anatsuka kapu yekha pampopi, n'kumapita.

Lachiwiri, 17 Juni

Ndawauza mayi a kunyumba. Amachapa kuseri, ine chiimire pafupi ndi chingwe. Ndinanena zonse, geti, malaya, bambo wa pa njinga. Sanasiye kuchapa.

“Ndikudziwa,” anatero. “Achimwene anandiuza Lachitatu lija. Belu la m'kanyumba kawo ka pageti, lowadziwitsa kuti sitima ikubwera, silinalire. Linayamba kuvuta mwezi watha, anakanena kawiri ku ofesi. Iwo anali kuseri, amatsuka mbale yawo. Anamva hutala yanu basi.”

Ndiye sabata yonseyi timagona bedi limodzi, aliyense ndi chake.

“Ali ndi ana asanu, bambo.” Ndinati ndikudziwa. “Mayi atamwalira anandilera ndi iwowo.” Ndinati ndikudziwanso. Anafinya malaya anga mpaka ndinaganiza kuti ang'ambika. “Womwalira uja sadzuka ngakhale munene.” Ndinawathandiza kuyanika, zinthu zomwe sindinachitepo. Ndinayanika mokhota, anabwerezanso okha.

Lachitatu, 18 Juni

M'nyumba mawu ndi a mchere ndi madzi osamba basi.

Masana ndinapita kwa alamu. Nawonso anawapumitsa. Ndinawapeza akukhoma mwendo wa mpando, misomali itatu pakamwa. Aonda. Ndinakhala pa chidebe, tinakamba za mpandowo kaye, kuti mtengo wake ndi wosalimba.

Kenako ndinati, “Alamu, mawa ndikupita ku ofesi. Lipoti lija ndi labodza.”

Anakhoma msomali umodzi mpaka kulowa. Wachiwiri. Wachitatu anaulavulira m'manja.

“Ndimadikira kuti mubwera liti,” anatero. “Ine ndayesa katatu, ndimangofika pa siteji n'kubwerera.” Anaugwedeza mpando uja kuona ngati walimba. “Mukanenenso za belu. Musandikometsere, mbale ndimatsukadi. Koma za belu mukanene.”

Anandiperekeza mpaka pamsewu, monga amachitira nthawi zonse. Sitinagwirane chanza.

Lachinayi, 19 Juni

Podzuka ndinapeza yunifolomu yositasita pampando, nsapato zopolisha pansi pake. Mayi a kunyumba kulibe, oyandikana nawo akuti awaona akulowera kwa achimwene awo.

Abwana lero sanandipatse mpando wofewa. “Mukudziwa kuti munasaina kale? Mukudziwa tanthauzo lake kwa inu, kusintha mawu?” Ndinati eya. “Ndi kwa alamu anu?” Ndinati anditumanso za belu. Anandiyang'ana nthawi yaitali, kenako anatuluka ndi foni m'manja, n'kuuza kalaliki kuti andipatse pepala.

Kalaliki ndi mayi wachikulire wa magalasi, amene amatilembera masiku a tchuthi. Anandipatsa pepala ndi cholembera. Ndiye dzanja, lomwe masiku onsewa linali phee, linayamba kunjenjemera. Cholembera chinagwa pansi. Ndinatola, chinagwanso. Fungo la petulo linandidzaza m'mphuno muofesi mopanda petulo.

Mayi aja anatseka chitseko, anakokera mpando wawo pafupi ndi wanga, natenga cholemberacho.

“Nenani, bambo, ndilemba ndine. Tiyambire pa geti?”

Ndinati ayi, geti libwera. Tiyambire pa munthu yemwe amathamanga pa njanji.