Maso mu Fuliji ya Mai Takunda

Gulu: Ana a Kenani

LACHINAYI

13:06 Mailesi: magetsi apitanso. maso onse akusungunuka

13:07 Stanford: chemwali uthenga ngati uwu sitilemba pa foni. apolisi amawerenga

13:07 Mailesi: achimwene ndatopa, musayambe

13:09 Stanford: ine ndikutsitsa mchenga ku Gimboki, kutsegula foni ndikupeza mlongo wanga akusungunula maso. a ndani?

13:12 Joyleen: kkkk malume, ndi ma sweets. mwana wa auntie Evah ku Florida ya ku Mutare komweko ali ndi birthday Saturday. theme ndi book ija ya queen wokhala mu phanga, amasunga maso a ma enemies ake mu botolo

13:13 Stanford: mwana wofuna kudya masoyo ali ndi zaka zingati

13:13 Joyleen: 9

13:14 Stanford: ife msinkhu umenewo tinkalirira nsapato. dziko lapita mwana wa mlongo wanga

13:20 Mailesi: 📷

13:21 Stanford: mayo ine. Mailesi zikundiyang'ana. la pakonalo ndi la kapitawo wathu wa ku njanji tsiku lomwe anatichotsa ntchito

13:24 Mailesi: choyeracho mkaka ndi jelatini, chakuda chokoleti, mkati jamu wa mabulosi. timitsempha ndajambula ndi chotokosera mmano. chiimire mmawa, msana si wanganso

13:25 Joyleen: mhamha zili perfect!! ngati za mu book

13:27 Mailesi: iwe uli ku college ku Harare ukungotumiza zithunzi, woima pa moto ndine. jelatini sagwirizana ndi kutentha, pofika madzulo likhala phala

13:29 Stanford: landlord wako Mai Takunda si ali ndi fuliji ya sola?

13:31 Mailesi: wapita ku msonkhano wa amayi. koma kiyi wa ku khitchini amandisiyira. ndiika, ndimuuza akabwera

13:31 Stanford: uvindikire

13:32 Mailesi: chivindikiro chikuwafinya

13:32 Stanford: ndye ulembepo kuti MASWITI

13:33 Mailesi: ndani sadziwa switi achimwene

16:41 Mailesi: Joy timabotolo ta queen ndathira manyuchi a buluu. ulusi wa pakhosi ukhale wanji

16:44 Joyleen: red mhamha

16:46 Stanford: ulusi wofiira. pa kabotolo. mu Hobhouse momwe ukukhalamo. womangayo ndi mwana wa munthu wa ku Malawi. ine ndikungowerenga, sindinanene kanthu

LACHISANU

07:18 Mailesi: 🎤 1:52

07:25 Stanford: ndili pa chiwongolero, ndangomva kukuwa kumbuyoko. akukuwa ndani

07:27 Mailesi: Mai Takunda. dzulo anabwera ine nditagona kale, sindinamuuze. mmawa watsegula fuliji kufuna mkaka wa tiyi

07:27 Stanford: maso onse aja nkumupatsa moni kkkkk

07:29 Mailesi: musaseke. mwaiwala kuti amuna ake anayamba kusaona chaka chatha?

07:31 Stanford: aaa

07:31 Stanford: koma baba Takunda ndi matenda a shuga, Mutare yense akudziwa

07:34 Mailesi: ndimawaperekeza ndine ku chipatala, nditawagwira dzanja. lero akuti ndinkawagwira dzanja kuti ndiwayeze

07:36 Joyleen: mhamha what?? ndi jelly chabe!

07:40 Mailesi: mayi wa nyumba yakuseri wawonjezera nkhuni. akuti dzulo anandimva ndikung'ung'udza pa poto m'chilankhulo chosamveka

07:41 Stanford: unkayimba?

07:43 Mailesi: nyimbo ya malemu amayi ija. chopimira shuga ndilibe. ndikatha ndime ziwiri ndiye kuti shuga wapsa, ya chitatu wapserera. ndinaphunzira choncho, inunso mukudziwa

07:44 Joyleen: muwaonetse pic ya book. ndatumiza

07:58 Mailesi: Mai Takunda ndamuonetsa

07:58 Joyleen: ndye?

08:01 Mailesi: pachikuto pali mkazi wa nyanga atanyamula botolo. wati oho, ndiye buku lanu lophunziriramo limenelo

08:02 Joyleen: mxm

08:05 Mailesi: wati ngati sizimveka bwino lero ndichoke pa cottage. watuma munthu kukatenga mneneri wa mkanjo woyera uja wa ku phiri

08:09 Stanford: tamvera chemwali, nkhani iyi njophweka. anthu akasonkhana, tenga limodzi udye onse akuona. munthu akaona ukutafuna adziwa ndi switi. ukatero upatsenso mneneriyo, ameneuja amakonda zotsekemera, ndinamuona ku tuckshop

08:10 Mailesi: mukutsimikiza?

08:10 Stanford: ine ndinakhalako pa bwalo la milandu ku njanji. umboni ndi pakamwa

10:15 Stanford: zatha bwnj

10:52 Stanford: Mailesi

11:30 Joyleen: mhamha pliz yankhani

12:04 Mailesi: ndadya

12:04 Stanford: ehe! ndye?

12:07 Mailesi: ndaluma pakati. jamu waphulika, wayenderera pachibwano mpaka pa bulauzi. wofiira

12:07 Stanford: Uthenga uwu wafufutidwa

12:08 Mailesi: ndaona kale kkkk wanuyo

12:09 Stanford: chala chinaterereka. pepa. za jamu unanena koma sindinaziganizire

12:14 Mailesi: mayi wakuseri wathawa kusiya patapata. mneneri wagwada wayamba malilime. akuti limenelo linali la kumanzere la baba Takunda, tsopano silibwereranso. maso otsala ndi timabotolo wathira mchere, watentha kuseri kwa chimbudzi. pabwalo ponse pakununkha keke

12:16 Joyleen: ma 2 days a ntchito yanu!!

12:19 Mailesi: ntchito si kanthu. ndauzidwa Lamlungu ndikhale nditachoka

12:20 Joyleen: sangatero, pali notice ya mwezi, ndi law

12:23 Mailesi: lamulo lindisunga mwezi pa nyumba yomwe akumwaza mchere pakhomo panga? Mai Takunda wachotsa kale ndowa yanga pa mpopi

12:25 Stanford: ndisiyire. baba Takunda tinkakankha naye ngolo imodzi ku njanji. ndimupeza madzulo

12:40 Joyleen: auntie Evah akufunsa ngati order ili ready. ndiwauze chani

12:55 Mailesi: uwauze ndibweretsa makapukeki. opanda nkhope

17:48 Stanford: 🎤 0:37

17:50 Mailesi: phokoso la kombi, sindikumva. lembani

17:55 Stanford: ndamupeza pa benchi pa shopu. akuti amadziwa ndi maswiti, fungo la vanila analimva Lachitatu. akuti akanakhala kuti si shuga wakeyu akanapempha awiri

17:56 Mailesi: ndye auze mkazi wake

18:01 Stanford: anamuuza. madam akuti mwaona, wakudyetsani kale, mukumuikira kumbuyo. mkuluyo wangogwira ndodo. akuti Stanford, ine ndi maso awa amandiphikira ndi iyeyo, ndikangana naye bwnj

18:03 Stanford: akuti mkaziyo chiyambire vutoli sagona, amangofuna wina woti amuloze chala. shuga ulibe nkhope, iwe uli nayo

18:20 Mailesi: ndinabadwira konkuno ku Sakubva ine. ku Malawi ndinapitako kamodzi, pa maliro, anthu nkumaseka kalankhulidwe kanga. Joy anayamba grade 3 tili pa nyumba ino. Mai Takunda atachitidwa opaleshoni ndinkamusambitsa ndine. lero akuti tinkadziwa kale, anthu a kwanu ndi otero

18:22 Joyleen: mhamha sorry. ndine ndinabweretsa idea. ndikhulukireni

18:23 Stanford: ndikhululukireni, mdzukulu. pali lu awiri

18:23 Stanford: koma wolakwa wamkulu ndine loya wa ku njanji

18:40 Joyleen: mhamha?

LOWERUKA

09:12 Stanford: makapukeki ndasiya ku Florida. mwana wa birthday wafunsa kuti maso ali kuti. ndati queen wawalanda. wakhulupirira msanga, nayenso ndi wa Mutare

09:30 Mailesi: zkm

09:34 Stanford: tsopano tamvera. kwanga ku Gimboki chipinda chakumbuyo chili ndi denga. zenera ndi katoni, chitseko chilipo koma chikudikira mahinjesi. magetsi kulibiretu, ndye sapitanso. alamu ako asesa kale

09:50 Mailesi: makasitomala anga onse ali kuno

09:52 Stanford: alipo amene wabwera kudzagula chichokere dzulo?

10:31 Mailesi: mubwere mawa anthu ali ku tchalitchi. sindikufuna oonerera

10:33 Stanford: lole yanga imamveka kuchokera ku Sakubva koma ndiyesetsa kuinyengerera

15:05 Joyleen: ndikwere bus ndibwere?

15:18 Mailesi: uli ndi mayeso. khala

LAMLUNGU

09:40 Stanford: ndanyamuka. uvuni uike pafupi ndi khomo, tiyambe ndi cholemera ndisanakumbukire zaka zanga

10:02 Mailesi: Mai Takunda sanapite ku tchalitchi. wakhala pakhonde

10:03 Stanford: mwina akufuna kutsanzikana. upite, anthu mwamwera tiyi limodzi zaka zonsezi

10:04 Mailesi: ndikupita kukapereka kiyi

10:15 Stanford: ndili pa ma hump a ku sukulu. wati chani?

10:21 Joyleen: mhamha wati chani

10:26 Mailesi: ndamutambasulira ndi manja awiri. wabisa ake mu nsalu

10:26 Mailesi: wati ndiike pansi

10:27 Mailesi: ndaika

10:27 Stanford akulemba…

10:29 Stanford akulemba…

10:33 Stanford: ndili pa geti mlongo wanga