Kiyi Ali ndi Ine

Loweruka, 3 Ogasiti

Watuluka. Mlongo wanga, mzime wa amayi, ali m'nyumba mwanga muno.

Pageti la ndende ndinamudutsa. Ndimafunafuna mnyamata wamasaya uja, koma amene anandigwira mkono ndi bambo wa imvi m'mbali, mano akutsogolo palibe. "Achemwali, ndine." Katundu wake yense m'kajumbo: mswachi, kasopo kotsalira, malaya amene anamangidwa nawo.

Chipinda ndinakonzeratu. Zofunda zatsopano, nyale, kalilole. Kalilole wamutembenuzira kukhoma.

Chimene chandiimitsa mutu ndi zitseko. Tafika pakhomo, ndakiyula loko, ndanyamulanso katundu. Iye wangoima, manja kumbuyo, kudikira. Ndati kankha. Wayang'ana chitseko ngati nchamoto. Munthu amene anamangidwa chifukwa chotsegula maloko a eni ake ndi kawaya, mpaka anzake kumutcha Waya. Lero akulephera kukankha chitseko chotsegula kale.

Amayi akanakhala moyo bwenzi atadziwa chonena. Ine ndangotereka tiyi.

Lolemba, 5 Ogasiti

Ndachita choopsa.

M'mawa monga mwa masiku onse. Mbaula kuzimitsa, ayironi kuzula, mazenera, kenako loko panja, khe, ndi kumukoka kuti nditsimikize. Ndakhalitsa ndekha, dzanja limangochita lokha. Kulabu ya kuchipatala kumene ndimagwira ntchito, tsiku lonse maso pa magazi a anthu, osakumbuka kanthu. Ndakumbukira mu minibasi pobwerera. Ndamukhomera mkati! Ndipo chimbudzi chathu chili panja.

Kuchokera pasiteji liwiro lokhalokha, mayi wamkulu ngati ine. Ndamupeza atakhala pansi, msana kukhoma, maondo pachifuwa, mpando uli pambali pake penipeni. Ndowa yanga yokolopera ili pakona, ataivindikira bwinobwino ndi katoni. Ndapepesa mpaka misozi. Iye kudabwa: "Mwalakwa chiyani, achemwali? Simunachedwetu." Wanyamula ndowa, waima pachitseko, kudikira ndimuuze kuti pita.

Sanagogode. Sanaitane aneba. Sanakwiye. Akanakwiya bwenzi mtima utakhalako pansi.

Lachiwiri, 6 Ogasiti

Ndamupatsa kiyi wapadera wa mu dirowa. Ndamuuza kuti nyumba ndi yako, tuluka, lowa, kayende. Walandira ndi manja awiri ngati mphatso ya paukwati.

Popita kuntchito ndadzera kwa bambo owotcherera zitsulo kuseri kwa msika. Amalandira anthu otuluka kundende, iwonso akuti anakhalako kalekale. Ayankha maso ali pa chitsulo: "Abwere ndi miyendo yake. Wobwera atagwidwa dzanja ndi mlongo wake sakhalitsa." Ndachita manyazi. Ndinali nditapempha kale nthawi kuntchito kuti ndimuperekeze.

Mlongo wanga ndamufotokozera. Wati mawa.

Buledi akumatha msanga. Ndapeza zidutswa pansi pa pilo wake, zitauma gwa. Ndazisiya momwemo.

Lachisanu, 9 Ogasiti

Mawa lija silinafike.

Kiyi ndamupeza m'nsapato yanga yakuntchito. Ndamufunsa. Wayankha mwaulemu wonse, ngati akupempha mchere: "Muzindikhomera, achemwali. Ngati Lolemba muja."

Ndamufunsa chifukwa.

Nkhani yake ndi iyi. Dzulo kunabwera mnzake wakale, wa jekete lachikopa, ngakhale dzuwa liswe mtengo salivula. Anatuluka chaka chatha. Anamva kuti Waya wabwera, ndiye ali ndi kantchito kofuna zala zake. Mlongo wanga anakana, koma akuti pakamwa pankakana, miyendo inali itaima kale. "Munthu ameneyu anandigawira bulangete chaka choyamba. Sindidziwa kumukana. Koma loko akakhalapo ndingoti ndakhomeredwa, kiyi ali ndi achemwali." Chinanso, akuti tsiku limene supuni idzasowe m'dera lino, onse adzaloza pano. Loko adzakhala mboni yake.

Ndaganiza, ndatembenuza, ndayezanso. Kukana nkumupereka kwa Wajekete. Kuvomera nkukhala chiyani ine?

Ndavomera. Kwa sabata imodzi yokha, ndatero. Kiyi wabwerera mu dirowa. Ndagula ndowa ina, ya chivindikiro.

Lachitatu, 14 Ogasiti

Ndazolowera, ndipo chimene chikundiopsa nchomwecho. M'mawa ndimamutulutsa, apite kuchimbudzi, asambe, ndimamulowetsa, khe. Madzulo ndimamupeza ataima pakati pa chipinda, manja kumbuyo, bedi atayala mosongoka ngodya. Dzulo anandiyankha kuti "bwana". Sanazimve nkomwe.

Ndinapita kukoleji kukaphunzira kuyeza magazi. Usilikali wa ndende ndinaulembera liti?

Ndinamufunsa chimene chimandilanda tulo. Loko wapamsika ameneyu angamutsekere Waya? Dzanja lake limakwana pa zitsulo za pazenera, ndinayesa ndi langa. Anamwetulira koyamba chibwerereni, chiseyeye poyera. "Ameneyu? Ndi chopanira tsitsi chanu, madzi a tiyi asanawire. Koma sindimukhudza. Ndikamukhudza tsiku limodzi, basi ndapita."

Ndiye loko sakumutsekera. Akudzitsekera yekha, ine ndangobwereketsa dzanja.

Mayi a saluni a khomo loyandikana andiimitsa pampopi. Ati akhala akuona wajekete wina ataima pazenera langa masana, akunong'ona. "Mwatibweretsera alendo, anesi." Sindine nesi, ndawauza kambirimbiri. Lero ndangoti zikomo.

Kuntchito ndinatsala pang'ono kusinthanitsa mabotolo a magazi a anthu awiri. Ine! Mnzanga anandigwira dzanja: "Iwe ukudwala kapena wakwatiwa mobisa?" Ndinaseka nawo. Palibe akudziwa.

Lachinayi, 22 Ogasiti

Amutenga.

Kwa mayi a saluni kwabedwa masana iwo ali kuntchito. Wailesi ya kanema, choumitsira tsitsi chatsopano, nsapato za bambo. Chitseko chosathyoledwa, loko atangotsegulidwa bwinobwino nkupachikidwa pomwepo. Pofika ndapeza anthu ali mbwee pakhomo panga, wapolisi akudikira ine kuti nditsegule. Sabata imodzi ija inatha kale, ine ndikukhomabe.

Ndinayankhula molimba mtima, kiyi nditamukweza m'mwamba: anali wokhomeredwa mkati chichokereni ine m'mawa, kiyi ali ndi ine. Wapolisi anayang'ana loko, anayang'ana ine, nkuphulika chiseko. "Mayi, mwamanga fisi ndi ulusi ndiye mukuti mbuzi zigone?" Anthu onse gwa kuseka. Kenako anafunsa, kuseka kutatha: "Munthu wamkulu mumamukhomera bwanji ngati nkhuku? Akanakhala kuntchito bwenzi pali omuona. Apa anamuona ndani?"

Palibe. Mboni yathu ija ndi kachitsulo kopanda pakamwa.

Nditatsegula, iye anali ataima kale, manja atawatambasula kutsogolo, asanauzidwe. Mswachi uli m'thumba la malaya. Anali atakonzeka. Anakonzeka liti?

Ndipo ine, Mulungu andikhululukire, atangochoka ndinagwada nkusuzumira pansi pa bedi lake. Munalibe kanthu. Koma ndinasuzumira.

Loweruka, 24 Ogasiti

Ndakamuona kuchitokosi. Fungo lake likadali m'zovala. Ndinatenga buledi, mazira owiritsa, juzi. Ndinakonzekera kumupeza atasweka.

Ndamupeza nkhope ili salalala, maso oyera, akuseka ndi wina wa mkatimo. Akugawa mazira anga mwadongosolo, aliyense chake, onse akumumvera. "Musadandaule, achemwali. Ndagona bwino. Chitulukireni sindinagone chonchi."

Akanandimenya mbama zikanapepuka.

Anaona nkhope yanga, nkutsitsa mawu. Sanabe, akuti. Anamva zonse kudzera kukhoma, anadziwa ndi mayendedwe omwe kuti ndi Wajekete, anangokhala pansi nkutseka makutu. Wawauza apolisi dzulo. Akuti ndi koyamba m'moyo wake kutchula mnzake, ndipo lilime likumulemerabe.

Ndamukhulupirira. Koma mantha anga asintha. Sindikuopanso kuti adzaba. Ndikuopa kuti tsiku lina adzaba kena kake kopanda pake, dala, kuti angobwerera kokagona bwino.

Ndipo amene ndakhala ndikumusungira malo ofunda, kuti asaiwale kakhalidwe kake, ndine. Ndi ndowa yanga ya chivindikiro.

Lolemba, 26 Ogasiti

Amutulutsa. Choumitsira tsitsi achipeza kwa Wajekete, wailesi anali atagulitsa kale.

Mayi a saluni sanapepese. "Nanga wajeketeyo ankabwera kwa ndani?" Nkhuyu zodya mwana zapota wamkulu, ndipo zapotanso aneba.

Tadya. Atatsuka mbale wafunsa ngati mawa zikhala monga kale. Ndati ayi. Mawu anatuluka okha, ine amene ndimayeza chilichonse katatu ndisanayankhe. Wati anzake a Wajekete alipo ambiri, ndipo tsopano akudziwa amene anatchula. Ndati ndikudziwa. Wati miyendo yake saikhulupirira. Ndati nanenso sindiikhulupirira, koma ndende yachiwiri sinditsegula m'nyumba ino. Wandiyang'ana ngati ndamuthamangitsa.

Mwina ndikulakwitsa. Ndikamukhomera, ndikumupha pang'onopang'ono. Ndikamusiya, angapite. Kulabu zinthu zimakhala ndi yankho, ukadikira makina amakuuza. Izi ayi.

Ndowa ndabzalamo tsabola.

Lachiwiri, 27 Ogasiti

Ndikulemba nditakhala pasitepe ya pakhomo, kabuku pabondo.

M'mawa ndinachotsa kiyi wanga pamulu wa makiyi, ndinamuika patebulo pamodzi ndi loko. Chitseko ndinasiya pululu. Iye ali chiimire pakati pa chipinda, manja kumbuyo. Sindinacheuke. Pasiteji miyendo inkafuna kubwerera yokha. Tsiku lonse foni ili m'thumba la gauni, kulira kulikonse mtima phaa.

Pofika pano: chitseko chotseka, loko ali m'malo mwake, wokhoma. Monga masiku onse aja. Poyamba ndinaganiza kuti watulutsa dzanja pazenera nkudzikhomera yekha. Ndagogoda. Ndaitana. Ndasuzumira. Bedi loyala, nsapato zake palibe. Mswachi uli m'kapu. Ndauyang'anitsitsa mswachi umenewo kuposa mmene ndinayang'anirapo magazi a munthu aliyense.

Wapita. Kwa owotcherera kapena kwa enawo, sindikudziwa. Ndipo kiyi wapadera ali mu dirowa, mkati. Ine wosaiwala ambulera ngakhale m'chilimwe, ndakhomeredwa kunja kwa nyumba yanga. Mayi a saluni adutsa, ati, "Lero akukhomerani ndinu, anesi?" Chikhodzodzo chadzaza, mwayi wake chimbudzi chili panja.

Dzuwa likupendeka. Ndipite kuseri kwa msika ndikafunse? Ayi. Owotcherera aja anati abwere ndi miyendo yake. Ndikapita ndiye kuti...

Pambuyo pake, tsiku lomwelo.

Mlongo wanga anatulukira pakona akuyenda m'mbali mwa mpanda. Ovolosi yobwereka yolekeza m'akakolo, maso ofiira psuu, misozi ili chuchuchu. Ndinadzuka msanga, ndimati amumenya. Ayi, akuti anasuzumira moto wowotcherera asanavale magalasi, bambo aja amukalipira tsiku lonse, ati abwerenso mawa akamukalipire bwino. Akuti anaima pachitseko chotsegula mpaka dzuwa kufika pamutu asanaponde panja. Akuti pamsika wina anamuitana kuti Waya, iye sanacheuke, koma khosi likumuwawa mpaka pano.

Kiyi anamumangirira pa chingwe cha nsapato, m'khosi. Anawerama paloko. Kulowetsa chadodolido. Kutembenuza, kulowetsanso, kupotoza kolakwika, kiyi kugwa pansi. Zala zimene zinatsegula nyumba za anthu mtauni yonse, zikulimbana ndi loko wathu yemwe.

"Ndi waya bwenzi tili mkati kale, achemwali."

Dzanja langa linanyamuka lokha kuti limulande. Ndinalibweza, ndinalipinda kumbuyo, ndinaima pambali kudikira anditsegulire.