Chingwe M'khosi mwa Mwana Wako

12 Okutobala

Wokondedwa mwana wanga,

Kuno tadzuka, bondo lokha ndilo likuvuta. Unandituma ndikaone zimene mwana wako akuphunzira kusukulu ya zaluso ija. Ndinakaziona Loweruka.

Ndinatchena poyesa ndikukaona zithunzi. Ndinafikira m'nyumba yosungiramo katundu, yonunkha mafuta a galimoto, yopanda ndi mpando womwe. Pakati pagwada mdzukulu wanga, chingwe m'khosi ngati mbuzi yogulitsa, akupukuta nsapato za anthu ndi tsitsi lake. Pambali wailesi ikutukwana ndi mawu a mwamuna. Ati aliyense anali ndi ufulu wokoka chingwecho. Ndiye ankakokadi, anthu ophunzira, a magalasi awo, ena akujambula ndi foni uku akutafuna chingamu.

Bambo wina wa mimba ngati thumba la simenti anakoka mpaka mwana anatsamwa, dovu chuchuchu pa nsapato. Bamboyo ndinamukwapula ndi ambulera pakhutu, kawiri. Anthu m'manja phuphuphu, poyesa ndi mbali ya sewero. Mphunzitsi wa mwanayo, wa ndevu zosapesa, ati ndili ndi luso, ndizibwera sabata iliyonse. Ndinamuuza kuti ndikabweranso khutu lidzakhala lake.

Kunyumba ndinamukalipira mwanayo kuti watiyalutsa, ndani angakwatire chopondera mapazi. Iye anangosisita khosi lake lonyuka. Nditafunsa kuti mawu onyansa a m'wailesi aja anawatola kudzala liti, anati:

"Agogo, simunawazindikire? Ndi adadi aja, akulankhula ndi amayi. Ndinawajambula ndili kuseri kwa chitseko."

Ndisakunamize, ndinawazindikira ndikungolowa. Koma ndinadziuza kuti amuna amafanana mawu, monga ndinadziuzira chaka chatha kuti dzino lako linagulukadi ndi chitseko cha kabati. Ndine ndinakubweza kwa mwamuna wakoyo kawiri, ati banja ndi kupirira. Wamimba uja anakoka kamodzi, ine ndakoka zaka makumi awiri.

Zaluso za mwana wakozo sindikuzimvetsa, ndipo n'zonyansa ndithu. Koma usamukalipire.

Kalatayi ndaitumiza kuntchito kwako kuti iye asaione. Azakhali ako akupereka moni. Kwa mwamuna wako ndilibe moni. M'chipinda chako ndachotsamo makina osokera, ndayala bedi. Usalongedze zambiri, angadziwe. Ndizikakhala pa siteji ya basi Lachisanu lililonse mpaka tsiku limene udzatsike.

Ndine,
Mayi ako