Tsiku limene a banki anayeza manda anu

Amayi,

Kumeneko mukukhala bwanji? Ine kuno ndili moyo, koma ndikuuzirenitu kuti kalata iyi ndikulemba nditakwiya, ndipo mbali ina ya mkwiyowo ndi yanu. Ndiyamba ndi nkhani zabwino, kuti musanene kuti Felista sanasinthe, amalowa m'nyumba ndi ndewu asanapereke moni.

Mdzukulu wanu Monika anachira mwezi wa Epulo, mwana wamkazi. Tinamutcha Aginesi, dzina lanu, ndipo pakamwa anatengeranso inu, akayamba kulira amamveka mpaka kumsewu wa maminibasi. Chimanga chachitako bwino chaka chino, osati ngati chaka cha chilala chija munatisiya. Mbatata zokha ndi zimene zinadyedwa ndi mbuzi za a Sakala, ndipo a Sakala mpaka lero akuti mbuzi zawo sizidya mbatata. Mkaka ndikupitabe nawo pa njinga m'mamawa, ngakhale bondo lakumanzere layamba kudandaula pa chitunda chija cha ku Palabana. Denga la khitchini lija munkalinena tsiku ndi tsiku ndinalikonza.

Zabwino zathera pamenepo.

Mwezi wa Juni ndinali kuseri ndikutsuka zigubu za mkaka, ndinangoona galimoto yoyera ikulowa pabwalo. M'galimotomo munatsika amuna awiri, wina atanyamula tepi yoyezera, wina akujambula chilichonse ndi foni, khola, chitsime, ngakhale chimbudzi.

"Tachokela ku banki, mami," anatero wa tepiyo. "Tabwela kupima famu."

Ndinaseka. Ndinati, "Mwasoba njila. Pano palibe wamene ali na nkhongole ya banki."

"Si pa famu ya ba Aginesi Mwale pano?"

"Ni pamene. Ba Aginesi ni baja bagona apo."

Ndinaloza manda anu poganiza kuti achita manyazi. Manyazi ake ati. Munthu uja anapita, anaika tepi kumutu kwanu, mnzake anakoka mpaka kumiyendo, ndipo analemba. Kenako anandiuza mwaulemu wake wonse kuti, "Aya manda yamagwesa mutengo wa malo, mami. Bogula sibakonda. Banki ikagulisa, muzafunika kukamba na ba kanso, baja ba boma, mubachosepo bamama banu."

Amayi, madzi otsukira zigubu aja ndinawathira. Sindipepesa. Anathawira m'galimoto nsapato zikulira, koma pochoka anandisiyira mawu akuti ndikafunse Lazaro.

Mwana wanu wokondedwa uja, chitsirizira chanu, mwamuna yekhayo m'nyumba mwanu. Ndinamuimbira foni, ndipo anabwera m'mawa mwake pa minibasi, chifukwa galimoto anagulitsa kale osatiuza. Ntchito ku kampani ija ya ku Lusaka inatha chaka chatha, osatiuzanso. Anakhala pampando wanu wa pakhonde, nayamba kufotokoza maso ali pansi. Akuti pamene ankafuna ngongole yomangira nyumba yake ya ku Chongwe, puloti yake inalibe taito, pepala lija la umwini wa malo. A banki anati sangapereke ndalama popanda malo okhala ndi taito oti agwirire. Malo a taito m'banja lathu anali amodzi okha, munda uno. Ndipo inu munasaina.

Tsiku limenelo ndikulikumbukira. Munandiuza kuti Lazaro akukutengerani ku Lusaka kukapimitsa maso. Munabwerako madzulo ndi chitenje chatsopano ndi nkhuku yokazinga m'kapepala, mukuseka ngati mtsikana. Ine ndinali nditakama ndekha ng'ombe zonse, ndipo ndinakufunsani kuti maso ali bwanji. Munati ali bwino. Munandinamiza, Amayi, ine amene ndinabwerera pamunda uno mwamuna wanga atamwalira, n'kukhala nanu mpaka tsiku limene ndinakutsekani maso omwewo.

Ndinamufunsa Lazaro ngati munamvetsa zimene munkasaina. Anati, "Ba sisi, bamama banamvela. Banakamba beka kuti ni monga vileji banki chabe."

Apo m'pamene ndinagwira mutu. Ndinakuonani muli pansi pa mtengo kutchalitchi ndi amayi anzanu, mbale ya ndalama ili pakati. Kumeneko munthu amakongola handiredi, n'kubweza handiredi ndi kapamwamba, nkhani yatha. Ndipo kapamwambako mu Disembala mumagawana nokha, wina n'kugula feteleza, wina mapoto. Munkakonda kunena kuti, "Chiwongoladzanja sichiluma, chimangopita kukacheza, pa Khirisimasi chibwera." Munapita ku banki ndi nzeru imeneyo. Munkaganiza kuti ndi gulu lomwe lija, kungoti mbale yake ndi yaikulu.

Ndinamukoka Lazaro kupita naye ku banki kuti ndikamve ndekha. Tinapeza mayi wina wachitsikana, wa zikhadabo zopaka, ndipo kunena zoona anatilandira bwino. Ndinamuuza kuti andifotokozere m'Chinyanja, pang'onopang'ono, ngati akufotokozera munthu wogulitsa mkaka, chifukwa ndine amene. Tsono mverani, ndikufotokozereni zimene palibe anakufotokozerani.

Ngongole ija inali ya zaka makumi awiri. Lazaro analipira zaka zisanu ndi ziwiri osaphonya, ankamudula pa malipiro asanazione n'komwe. Mukaphatikiza zonse zimene analipira, zinaposa kale ndalama zimene anakongola. Ine nditamva zimenezo ndinati basi, ndiye watsala pang'ono. Mayi uja anapukusa mutu. Chiwongoladzanja cha banki sichiikidwa kamodzi ngati cha pansi pa mtengo. Chimabadwa mwezi uliwonse pa ndalama zonse zimene zatsala, ndipo munthu akalipira, banki imayamba yadya chiwongoladzanjacho, nyenyeswa zotsala ndi zimene zimapita kukachepetsa ngongole yeniyeniyo. Zaka zoyambirira pafupifupi zonse zimathera m'kamwa mwa banki. Chinanso, chiwongoladzanjacho chimakwera zinthu zikavuta m'dziko, ndipo safunsa munthu. Pamwamba pake pali inshuwalansi, imene ikanalipira akanamwalira Lazaro, osati inu. Ndiye pali zilango za miyezi yonse imene sanalipire chithere ntchito, ndi ndalama za maloya amene ankamulembera makalata. Ngakhale amuna aja ndinawathira madzi, ulendo wawo tilipira ndife.

Mapeto ake ndi akuti ngongole ya Lazaro lero ndi yaikulu kuposa tsiku limene munasaina. Ndinafunsa kuti akanalipira bwinobwino zaka zonse makumi awiri, zikanakwana zingati. Mayi uja anawerengera, ndipo ndalama zake ndi zomangira nyumba ngati ija zinayi. Imodzi ya Lazaro, zitatu za banki.

Ndinatembenukira kwa mwana wanu. "Iwe unapita ku sukulu. Sunafunse?"

"Ninafunsa kuti pa mwezi ni zingati," anatero. "Ninaona kuti nizakwanisa."

Funso lake linali lomwelo basi. Munthu wa satifiketi, amene tinamugulitsira ng'ombe ziwiri kuti amalize koleji pamene ine ndinalekera giredi naini, anafunsa funso limodzi ngati akugula foni ya pangongole. Mayi wa banki anawonjezera kuti zonse zinalembedwa m'mapepala. Ndinamuyankha kuti zinalembedwa m'Chizungu, timalemba tating'ono, n'kuzipereka kwa mayi wokalamba amene ankawerenga buku la nyimbo ataliika patali ndi nkhope. Kodi panalibe ndi mmodzi yemwe m'nyumba yonse ija woti akuuzeni m'chinenero chanu kuti mayi, mwana wanu akalephera tidzakulandani munda? Anangoti pepani. Pepani wake sindinamutenge, ndinamusiya pa tebulo pomwepo.

Koma musaganize kuti ndakwiyira banki yokha. Banki ndi sitolo, imagulitsa ndalama. Inu ndinu amene munkalakalaka nyumba ija kuposa mwini wake. Tsiku lotsegulira munabweretsa amayi onse a kutchalitchi pa minibasi yahayala, abambo mfumu anawaza madzi odalitsa chipinda chilichonse, inu mukuvina pa matailosi, mukuuza aliyense kuti mwana wanga sadzalipiranso lendi. Ine ndinali kuseri ndikuphika. Lendi ankalipira, Amayi, kungoti mwininyumba wake anali wovala tayi, ndipo chikole chake munali inu.

Titabwerako ku banki kuja tinakhala pansi kuno kumunda, ine, Lazaro ndi mkazi wake amake Dalitso. A banki anali atatipatsa miyezi yochepa kuti tipeze ndalama zonse, apo ayi munda ugulitsidwa. Amake Dalitso analira, ndipo sindiwaimba mlandu, ali ndi ana atatu ndipo nawonso ankangodziwa za pamwezi. Koma Lazaro anali atabwera ndi nzeru yake. Anati pali munthu wa ku Lusaka amene akufuna malo omangapo makola a nkhuku. Tigulitse munda tokha pamtengo wabwino, tilipire banki, nyumba ya ku Chongwe itsale, ine andipatse chipinda chakuseri.

"Nanga bamama?" ndinafunsa.

"Tizabapeleka ku manda ya kanso, ba sisi. Tizachita bwino bwino, na misa. Bamama banali kuikonda nyumba ija."

Ndinanyamuka. Ndinalowa m'kanyumba ka zipangizo, ndinatenga piki ija tinakumbira chitsime, ndinamupatsa m'manja. Ndinamugwira dzanja ngati mmene ndinkachitira pomuperekeza ku sukulu ali mwana, mpaka tinafika pamene mwagona.

"Yamba," ndinatero. "Sitizalemba banyamata ba ganyu. Ni iwe unabapeleka ku banki, ni iwe uzabafukula. Kumba, ine niliko, nizakuthandiza kunyamula."

Amayi, mukudziwa mmene munafikira pamalo ano. Kuchoka ku Katete ndi mtolo pamutu, zaka zonse zija m'makomboni a mafamu a eni ake, kuthamangitsidwa uku, kuthamangitsidwa uko, mpaka inu ndi atate munagula thengo lino. Muli m'chipatala munandigwira mkono n'kunena kuti, "Mukandiike kumunda, ine kusamuka ndinatopa nako." Lazaro analipo, anamva. Ndinamukumbutsa mawu amenewo pamanda panu, mokweza, mpaka a Sakala anatulukira kumpanda.

Anaima nthawi yaitali piki ili m'manja. Kenako anaiika pansi, anakhala pa dothi ndi buluku lake la ku ofesi, n'kulira ngati mmene analirira tsiku la maliro. Sindinamutonthoze. Ndinapita kukakama, chifukwa nthawi inali itakwana.

Nyumba ya ku Chongwe yagulitsidwa, Amayi. Ndakuuzani mosazungulira. Taito yake inali itatuluka chaka chatha, ndiye wogula anapezeka msanga, mphunzitsi wina wopuma ntchito. Koma munthu wogulitsa mothamanga sanenerera mtengo, ndipo ogula amanunkhiza. Komanso zinaululika kuti ndalama za ngongole sizinalowe zonse m'nyumba, zina ndi zija zinagula galimoto. Mtengo umene tinapeza sunakwane. Panatsala dzenje, ndipo aliyense anayang'ana ine.

Ndagulitsa ng'ombe ziwiri mwa zinayi zimene tinali nazo. Imodzi ndi Dona, yanu ija ya mkaka wambiri, imene inkakana kukamidwa ndi munthu wina inu mulipo. Inali ndi bere. Pokwera lole inakana, anachita kuikoka ndi chingwe amuna anayi, ine ndinalowa m'nyumba kuti ndisaone. Ndiye mukafuna kudziwa mtengo weniweni wa nyumba munavinamo ija, ndi uwu: malipiro a mwana wanu a zaka zisanu ndi ziwiri, nyumba yomweyo, ndi ng'ombe zanga ziwiri, ine amene sindinagonemo ngakhale kamodzi.

Lazaro sakundilankhula kwenikweni. Amangoti "mwauka bwanji ba sisi", basi. Koma alibe kopita, ndiye Loweruka akubwera kuno ndi banja lake lonse. Ndawakonzera chipinda chanu. Chiyambire maliro ndinali ndisanasunthemo kanthu, ngakhale kolona yanu inali pamsomali pomwe munaisiya. Dzulo ndinatulutsa zonse, ndinakolopa, ndipo ndinalira ndi ukali, chifukwa ngakhale pamenepa amene akupatsidwa malo ndi iye. Ana ake ndiwalandira ndi manja awiri, alibe mlandu. Iye ndamuuza kuti pano palibe bwana. Adzuka nane m'mamawa, aphunzira kukama, ndipo njinga ya mkaka pa chitunda chija ikhala yake, bondo langa lipume.

Ndikanakonda mukanakhalapo kuti tikangane maso ndi maso, inu mundiuze kuti ndine wouma mtima, ine ndikuuzeni kuti munkakondera. Mukanandifunsa tsiku lija, mwina ndikanakana, mwinanso mukanandigonjetsa monga mwa masiku onse, koma ndikanadziwa. Chimene chikundiwawa n'chakuti munaona kuti mwana wamkazi wokama ng'ombe ndi woyenera kusunga munda, koma si woyenera kuuzidwa kuti mundawo waperekedwa. Ndidzakukhululukirani, koma osati mwezi uno.

A banki aimba foni kuti zonse zatha, Lachisanu ndikatenge taito. Ndipita ndekha. Ikabwera ndikalembetsa maina athu tonse, kuti pasadzapezeke munthu wopita nayo kulikonse mnzake osadziwa. Ndimakukondani, Amayi, ngakhale mwandidyetsa zowawa. Gonani pomwepo. Ine ndili moyo, palibe adzakusunthani.

Ndine mwana wanu woyamba,
Felista