Tsitsi Ndadula Ndekha

Manila, 1719

Okondedwa Azakhali a Potenciana,

Ndikhulupirira mwendo uja unapola. Kuno tilipo, mpunga ndi wochepa koma tikudya.

Lachisanu tinapita kwa ansembe, atsikana asanu, kukapempha kuti tilumbire usisitere. Iwo anati, "Velo la kumutu la asisitere ndi la ana a azungu. Inu muziwachapira zovala, Mulungu akuonani." Ndinawafunsa ngati Mulunguyo amamva Chisipanishi chokha.

Mukudziwa kuti pa tsiku la malumbiro mtsikana amadulidwa tsitsi pa guwa. Ine langa ndadula ndekha ndi sizasi yosokera, anzanga akuona, ndipo mawu onse ndanena.

Za mnyamata wa kwa Dimayuga amene abambo anandisankhira, musandifunse. Mungomupatsa kathumba ndatumizaka. Muli tsitsi lija ankaliyamikira. Zotsala za ine mwini wake ndi Mulungu.

Ndine mwana wanu,
Sinforosa