Nyimbo Zanu Zatuluka M'tsimba

Amayi, kodi kumeneko mukudzuka bwanji?

Ndine Esinati. Chikuikireni m'manda ndakhala ndikuzengereza kukulemberani, chifukwa nkhani yomwe ndili nayo ndi yolemera mkamwa. Koma inu munkadana ndi munthu wofikira pa mlandu asanapereke moni, ndiye ndiyambe ndi za pakhomo.

Mtedza wa m'munda mwanu wabereka ndithu chaka chino, moti matumba tinachita kubwereka. Chimanga ndiye ayi, mbozi zinachidya chisanamasule. Mbuzi yanu yaliuma ija inaswa ana awiri ndipo onse atengera amawo, ine ntchito kupepesa m'madimba a eni. Akazi a achimwene a Lameki anabereka mwana wamkazi, ampatsa dzina lanu. Akalira mudzi wonse umadziwa, sanatengere dzina lokha. Kusukulu ndikuphunzitsabe, ana achuluka mabenchi ndi omwe aja. Ndipo Chisomo wanga, mdzukulu wanu, wakula. Inde, kukula kumene munkadikira kuja. Anabwera kudzandiuza, ine ndinalira, chifukwa woyenera kumva nkhaniyo poyamba munali inu.

Tsopano ndinene. Mukukumbuka mutadwala, tsiku lomwe munandiuza kuti nditseke chitseko ndiike foni pafupi ndi mtsamiro? Munati, “Esinati, mutu wako wadzaza za kusukulu, sungazigwire zonse ndisanapite. Jambula. Koma izi ndi za m'tsimba, khutu la mwamuna lisazimve.” Munaimba nyimbo zonse zimene munkalangira anamwali pa zaka zonse zomwe munali namkungwi kuno kwa Mkanda. Munkaimba mukupumira, kutsokomola, nthawi zina kuseka mukaona ine ndikuchita manyazi ndi mawu ena ngati sindinalowepo m'tsimba. Cholinga chanu chinali chakuti ndiziphunzire ndidzakhale pamalo panu, komanso kuti Chisomo akadzakula adzalangidwe ndi nyimbo za agogo ake. Ndinalonjeza, ndipo mng'ono wanga Tiyamike anali pomwepo atakugwirani dzanja. Nayenso analonjeza.

Titameta maliro anu ndinayamba kuziphunzira, koma foni inayamba matenda. Galasi linasweka, memori kadi nayo inkati lero yaoneka, mawa yasowa. Ndinachita mantha kuti tsiku lina ndidzadzuka mawu anu atapita kachiwiri. Ndili ndi laputopu yakale imene ndimalembera mayeso, ndipo mmenemo muli pulogalamu yomvera nyimbo za pa intaneti, imene achinyamata amati apu. Ndimamvera za kwaya ndikamachonga makope. Ndinamva kuti munthu angathe kuikamonso nyimbo zakezake, n'kuzindandalika mmene akufunira, ngakhale kuiuza kuti izibwereza imodzi mpaka ilowe m'mutu. Izi n'zimene ndinkafuna, kuti nyimbo zanu zitsatane monga zimatsatirana m'tsimba. Koma dzanja langa pa zinthuzi ndi lolemera.

Kuboda kuli anyamata ambiri oika nyimbo m'makadi a madalaivala, koma sindikanapita kwa mwamuna. Ndinaitana Tiyamike. Amagwira ntchito pa kompyuta tsiku lonse kubodako, kulemba mapepala a katundu wa mathiraki. Kuposa apo, ndi mwana wanu, munamulanga m'tsimba lomwelo, amadziwa chimene nyimbozo zili. Ndikanaopa ndani, Amayi?

Anabwera Loweruka pa kabaza, atanyamula buledi ndi shuga ngati munthu. Tinakhala m'chipinda, chitseko chotseka. Anakopera nyimbo za mu kadi n'kuziika mu foda ya mu laputopu, foda tinaitcha dzina lanu. Foni inali itazipatsa manambala okhaokha, ndiye ine ndinkamvera iliyonse n'kumuuza mawu oyambirira, iye n'kulemba ngati mutu wake. Kenako anatsekula apu ija, analowa ku maseting'i, anayatsa kabatani kolola kuti izionetsa nyimbo za mu kompyuta momwemo, n'kuilozera foda yanu. Posakhalitsa mitu yonse inatulukira pagalasi. Anandionetsa kukoka imodziimodzi kuika pa mndandanda wanga, yolowera m'tsimba pamwamba, yotulukira pansi. Nditadina yoyamba, mawu anu anadzaza m'makutu mwanga ngati mwakhala pamphasa pomwepo. Tonse tinalira. Misozi yakeyo ndinaiona ndi maso angawa.

Ndinamufunsa mobwereza ngati nyimbozo sizituluka, poti apuyo ndi ya pa intaneti. Anaseka nati, “Asisi, inu mantha! Izi zili ngati chimanga cha m'nkhokwe mwanu. Apuyi ikungosuzumira, siyinyamula. Palibe wina angazimve kupatula inuyo.” Ndipo ananena zoona, ndafunsa kwa odziwa. Makina sanandilakwire. Kungoti pamene anandituma kuti ndikamukazingire mtedza, ati wakumudzi anausowa, m'mbali mwa laputopu munali mutabayidwa kafulashi kake kofiira konyamulira za mu kompyuta. Ndinakaona, koma ndinayesa akutenga za kuntchito.

Miyezi inapita ndikuphunzira. Ndinkavala zomvera za m'makutu kuti bambo a Chisomo asamve ngakhale kachidutswa, ndipo iwo sanafunsepo. Mwamuna amene munkati ndi wozizira uja walemekeza mwambo wanu kuposa magazi anu.

Tsiku lina masana nditaweruka ndinafuna nyimbo ija yovuta, imene mawu ake amandipunthwitsa. M'malo moifuna pa mndandanda ndinalemba mutu wake pamalo ofufuzira. Zinatuluka ziwiri. Ina yanga, yopanda chithunzi. Inayo inali ndi chithunzi cha mwamuna wa Tiyamike, mkamwini wanu uja amene sanakulimireniko ngakhale mzere umodzi, atavala magalasi akuda ndi tcheni m'khosi. Dzina lake loimbira sindilemba pano, lingadetse pepala. Ndinadina. Munali inu, Amayi. Chifuwa chanu anachidula, kuseka kwanu anakudula, pansi anaikapo ng'oma za pa makina, iye n'kumakuwa pamwamba ngati woitanira minibasi. Dzina lanu silinalembedwe paliponse, koma pa ichi chokha ndinathokoza.

Sabata isanathe inali paliponse. Akabaza amaiika pa sipika, m'magolosale a pamsika ikulira, madalaivala aiwolotsa malire. Anyamata a kusukulu kwanga amaimba pa bwalo la mpira mawu amene mtsikana amauzidwa kamodzi pa moyo wake atagwada, mutu uli pansi. Amaimba akuseka, ena akuvina monyogodola. Ine ndimadutsa ndi choko m'manja ngati wogontha.

A Nambewe, anzanu amene munkalanga nawo anamwali, anabwera ndi amayi ena awiri. Ndinayala mphasa koma anakana kukhala. Anati, “Mawu a amako tawamva pa njinga ya mwana wa eni. Anatuluka bwanji?” Ndinafotokoza zonse, za kadi, za foda, za fulashi. Anamvetsera mpaka kumapeto, kenako anangoti madzi akatayika saoleka. Agwirizana kuti nyimbo zanu zonse sizidzaimbidwanso m'tsimba, poti sakudziwa kuti zatsala m'manja mwa mkamwiniyo ndi zingati. Malo anu apereka kwa wina. Chisomo akalangidwa kwa Chiosya, ndi anamkungwi achilendo, ndi nyimbo zachilendo. Sindinawatsutse. Inunso mukanagamula chimodzimodzi, mwina moposa.

Ndinakwera kabaza mpaka kuboda. Tiyamike ndinampeza pa desiki yake, zikhadabo zopaka utoto. Ndinkayembekeza kuti agwa pansi, kapena aname kuti mwamuna wake anaba fulashi iye ali mtulo. Bodza limenelo ndikanalilandira ndi manja awiri. Koma anandiyang'ana m'maso nati, “Asisi, amayi atchuka. Mpaka ku Chipata akuvina. Inu mumafuna mawu amenewa aolere mu laputopu? Masiku ano za m'tsimba ndani sazidziwa?” Ndinamufunsa za lonjezo lija. Anati analonjeza kuti mugone ndi mtendere, basi. Ndinangoona kuti munthu amene ndinkamubereka kumsana inu muli kumunda sindikumudziwa.

Munkakonda kunena kuti chibale ndi fupa, sichiola, makamaka tikamenyana polimbirana nsalu. Sindikutsutsani. Koma fupa limeneli landiima pakhosi, silikutsika, silikutuluka. Ndakwiya, Amayi, ndipo ndikunena poyera. Ndikanamva kuti ndi mlendo wachita izi ndikanadya bwinobwino. Ndi Tiyamike.

Foda yanu ndaichotsa mu laputopu. Kadi ndaikulunga m'kansalu, ili pamalo amene ndikudziwa ndekha. Mu apu muja mitu ya nyimbo zanu yatsalabe pa mndandanda, koma yazilala, ukadina siilira. Ya mkamwini wanu ndiyo sindingathe kuichotsa. Ndinafunsa njira yodandaulira, akuti ndionetse umboni wakuti nyimboyo ndi yathu, kutanthauza kuti nditumize mawu anu kwa anthu enanso osawadziwa. Ndinatseka laputopu.

Chomaliza ndi ichi. Lamulungu lapitali tinakumana kwa amalume kukambirana za chiliza chanu, poti chaka chakwana. Tiyamike ndi mwamuna wake anafika pa galimoto yobwereka. Akuti nyimbo ija yamutsegulira makomo, akuitanidwa kukaimba m'malo omwera mowa mbali zonse ziwiri za malire, choncho chiliza amanga okha, cha matailosi, ndi chithunzi chanu pamwamba. Amalume anaomba m'manja. Achimwene a Lameki anati mwana wolemekeza amake ndi ameneyu. Palibe anandiyang'ana. Ndinaimirira, ngakhale mukudziwa kuti pamaso pa amalume sindiyankhula nditaima. Ndinati matailosi amenewo akafika kumanda adzandipeza nditakhala pa mulu wanu, adzamange pamwamba panga. Amalume anati ndine wansanje. Achimwene anati maphunziro andipenga. Ndinabwerera ndekha wapansi, ndipo mpaka lero palibe wabwera kudzandiona.

Ndiye mundikhululukire, Amayi, manda anu akhalabe a dothi pamene a anzanu onse akuwala. Anthu akunena kale kuti ana anu akutayani. Asiyeni anene. Sindilola kuti mugone pansi pa mwala wogulidwa ndi mawu amene munatipempha kuti tibise. Njerwa ndiumba ndekha chilimwe chino, simenti ndizigula thumba limodzilimodzi malipiro akamabwera. Chidzakhala chaching'ono, mwinanso chopendekeka, koma palibe adzachivinire. Mundidikire.

Ndimakukondani monga kale,

Mwana wanu,
Esinati