Khofi wa a Shehe Fawwaz

Kairo, 9 Disembala 2023

Okondedwa achemwali Ikhlas,

Mtendere ukhale nanu. Ine kuno ndili bwino, ndanenepa moti mabatani a malaya akundipempha chifundo. Kalatayi ndapatsira a Siddig oyendetsa lole, poti foni yanu yangoti zii.

Mukudziwa kale kuti mlongo wanune si munthu wamba. Aphungu a maiko a Aarabu akasonkhana m'nyumba yawo ya malamulo kuno, palibe amene amatsegula pakamwa ndisanamuthirire khofi. Nditangodwala ine, Aarabu onse angagone pamipando. N'chifukwa chake ndinakuuzani kuti musachoke kwathu ku Omdurman ngakhale nkhondo yavuta ku Sudan, nkhani ya alamu a Awad, amene asilikali anawatola pamsewu aja, ndiithetsa ndine.

Ndiye tamvani momwe ndinaigwirira. Pali phungu wina wochokera kuchipululu, a Shehe Fawwaz, a ndevu zoti mbuzi ikhoza kubisalamo. Kwawoko mlendo wobwera ndi pempho salawa khofi, amaika kapu pansi. Mwini nyumba akangonena kuti imwa, ndiye kuti walonjeza, sangabwererenso m'mbuyo. Ndinabwereka jekete kwa mnzanga Ragab wotsuka makapu n'kupita kuhotela kwa a Shehe ngati mlendo. Ragab anaseka mpaka kugwira khoma, akuti wothira khofi akayamba kuthiriridwa ndiye kuti dziko latha.

Khofi atabwera ndinamuika pansi osalawa. A Shehe anayang'ana kapu, kenako ine.

"Iwe mwana wa ku Sudan, mwambo wathuwu unauba kuti? Imwa khofi wako, chimene wadzera wachipeza."

Ndinamwa, achemwali, mpaka ndinapsa lilime. Ndinawafotokozera zonse, dzina la alamu, msewu umene anawagwirira, ana amene akuwadikira. Mkuluyo misozi inalengeza m'maso.

Tsiku lotseka msonkhano a Shehe anaimiriradi. Analankhula mpaka khofi anandizizirira m'ketulo, ndipo mawu awo analowa m'mfundo zomaliza, akuti nyumbayi ili ndi nkhawa yaikulu ndipo ikupempha mbali zonse kuti zimasule ogwidwa. Holo yonse inawomba m'manja. Nanenso ndinawomba, ketulo ili m'khwapa. Dzina la Awad silinamveke, akuti m'mfundo salembamo maina a anthu.

Potuluka ndinawathamangira ndi khofi n'kufunsa kuti tsono alamu atuluka liti.

"Mwana wanga, ndakupatsa zonse zimene ndili nazo. Ife kuno tili ndi mawu basi. Makiyi ali ndi a mfuti."

Anamwa, n'kugwedeza kapu. Munthu akagwedeza kapu ndiye kuti wakwana, wothirawe uzipita. Ndinapita.

Sanandinamize, achemwali, n'chimene chikundipweteka. Akanakhala abodza ndikanawatukwana mtima n'kukhala pansi. Ndinafunsa Ragab kuti pepala la mfundo lija adzaliwerenga ndani ku Omdurman. Akuti ndidzifunse ndekha, poti woyendetsa maiko a Aarabu ndine.

Tsono musadikirenso. Tengani amayi ndi ana, mukwere lole ya a Siddig ikamabwerera ku Halfa, tauni ya kumalire ija, zinazo tidzaona pamalire. Chipinda changa n'chachifumu, tikagona chammbali tikwanamo tonse. Kiyi wa nyumba musiyire aneba, kuti alamu akabwera asagone panja.

Moni kwa amayi, muwauze kuti nkhani ili m'manja mwa akuluakulu, limenelo si bodza. Ana onse muwapsompsone. Mwana wanu Tahani ndinamulonjeza pafoni kuti bambo ake afika Ramadhani isanakwane. Akafunsa m'njira, mumuyankhe ndinu. Mukafika kuno musamulole andifunse.

Ndine mlongo wanu,
Mudathir